Si Mlandu Uliwonse Umatha ndi Kugwirana Chanza

Aliyense amene adakhalapo pa benchi la bwalo la majisitireti m'mawa wa tsiku Lolemba akudziwa chimene tikufuna kukamba lero. Mlandu uitanidwa, woimbidwa mlandu aimirira, ndipo wapolisi wozenga mlandu asanatsegule n'komwe fayilo yake, wodandaula akweza dzanja nati: "Bwana, ife tidakambirana kumudzi, nkhaniyi idatha." Kumbuyo kwake kwakhala amalume, ankhoswa, mwinanso nyakwawa yomwe, onse akugwedeza mitu movomereza. Pamenepo woweruza ali ndi mphindi zochepa chabe zoti aganize ngati atseke fayiloyo kapena ayi. Ife tikuti mphindi zimenezo n'zolemera kuposa m'mene ambiri amaganizira, ndipo n'koyenera kuti akuluakulu a m'maofesi ndi aphunzitsi, amene anthu amathamangirako kukafunsa nzeru mlandu ukagwa pamudzi, adziwe bwino pamene pali malire.

Makolo athu adatisiyira mau awiri amene pa nkhani iyi amakokana. Adati mlandu suola. Adatinso chibale n'fupa, sichiola. Wofuna kuti mlandu upitirire agwira mau oyambawo, wofuna kuti uthe agwira achiwiriwo, ndipo onse awiri amaona ngati mwambo uli mbali yawo. Ntchito ya bwalo ndiyo kuzindikira kuti pa mlandu umene uli patsogolo pake, mau oyenera kumveka ndi ati.

Tiyambe ndi chinthu chimene ambiri, ngakhale ophunzira, amachisokoneza. Munthu akakongola ndalama osabweza, kapena ng'ombe zake zikadya chimanga cha mnzake, mlanduwo ndi wa anthu awiriwo. Wokasumayo ndiye mwini mlandu, ndipo atafuna kuusiya palibe womuletsa. Koma mlandu wa upandu suli choncho. Pa chikalata chake sipalembedwa kuti Uje akutsutsana ndi Uje. Pamalembedwa kuti Boma likutsutsana ndi Uje. Amene adamenyedwa kapena kuberedwa ndi wodandaula ndiponso mboni, koma mwini mlandu ndi dziko lonse, pakuti lamulo limene lathyoledwalo ndi la tonse. N'chifukwa chake Malamulo Oyendetsera Dziko a chaka cha 1994, m'gawo 99, adaika mphamvu yoimitsa mlandu wa upandu m'manja mwa Mkulu Wozenga Milandu ya Boma, ndipo ngakhale iyeyo adamuuza kuti akaimitsa mlandu apereke zifukwa zake ku komiti ya zamalamulo ya Nyumba ya Malamulo pasanathe masiku 10. Ngati mkulu wotero afunsidwa zifukwa, sitikuona m'mene amalume a wodandaula angatsekere mlandu ndi mau amodzi.

Komabe lamulo silidatseke khomo kotheratu. Gawo 161 la lamulo la kazengedwe ka milandu ya upandu ndi kaperekedwe ka umboni limalola bwalo kulimbikitsa chiyanjano pa mlandu womenya munthu mosavulaza kwambiri, ndi pa milandu ina yokhudza anthu awiri paokha, malinga ngati suli mlandu waukulu ndipo mulibe nkhanza zopitirira muyeso. Wolakwa angapereke chipepeso kapena kuchita zina zimene bwalo lavomereza, ndipo mlandu uima. Anzathu a ku Zambia ali ndi mau ofanana ndi amenewa m'gawo 8 la lamulo lawo, a ku Kenya m'gawo 176, pakuti malamulo onsewa adachokera ku muzu umodzi m'nthawi ya Angerezi. Muzu womwewo udatisiyiranso lamulo lina limene anthu sakonda kulikumbuka: kulandira ndalama kapena katundu kuti ubise mlandu waukulu, kapena kuti uleke kuuzenga, ndi mlandunso pawokha. Chotero lamulo lili ndi dzanja lotsegula ndi dzanja lotseka, ndipo mau ofunika kwambiri m'gawo 161 ndi akuti bwalo livomereze.

Ife sitikunyoza khomo limeneli. Anthu awiri atukwanizana pa mjigo, wina amenya mnzake khofi, ndipo mawa lake adzatunganso madzi pa mjigo womwewo, ana awo adzakhala pa desiki limodzi. Kumutsekera womenyayo miyezi itatu sikubwezera womenyedwayo kanthu, koma kumasiya mabanja awiri osalonjerana mpaka zidzukulu. Ndende zathu nazo sizili ndi malo otaya. M'chaka cha 2009, pa mlandu wa mkaidi Gable Masangano, Khoti Lalikulu lidagamula kuti kuthithikana kwa akaidi pamodzi ndi kusowa kwa mpweya m'zipinda zawo kudali kuzunza anthu kosemphana ndi Malamulo Oyendetsera Dziko. Woweruza amene atumiza kumalo otero munthu amene wapepesa, walipira mankhwala, ndipo mnzake wamukhululukira ndi mtima wonse, sakutumikira chilungamo, akungodzaza chipinda. Vuto silili pa milandu yotereyi. Vuto likubwera pamene anthu aona khomo lotsegukira nkhuku nafuna kulowetsapo ng'ombe.

Palibe dziko limene lalimbana ndi funso limeneli nthawi yaitali ndi poyera kuposa India, ndipo popeza makhoti ake adaphunzira kwa mphunzitsi yemweyo amene adaphunzitsa athu, n'kwanzeru kuona njira imene ayenda. Lamulo lawo la kazengedwe ka milandu la chaka cha 1973 lidali ndi mndandanda, m'gawo 320, wa milandu imene odandaula angathe kuithetsa mwa kugwirizana: ina paokha, ina pokhapokha bwalo litalola. Mlandu wosalembedwa pa mndandandawo sukadatha mwa njira imeneyo. Koma gawo 482 lidasungira Khoti Lalikulu la chigawo chilichonse mphamvu yochita chilichonse chofunika pofuna kuletsa anthu kugwiritsa ntchito makhoti molakwika, ndi pofuna kuti chilungamo chichitike. Kuyambira pa 1 July 2024 lamulo latsopano lidalowa m'malo mwa la 1973, ndipo magawo awiriwa tsopano ndi 359 ndi 528, koma nzeru yake sidasinthe. Maloya adafunsa kwa zaka zambiri kuti: ngati mlandu suli pa mndandanda, kodi Khoti Lalikulu lingaufafanize ndi mphamvu yake yapaderayo chifukwa eni ake agwirizana?

Funsoli lidakula chifukwa cha milandu ya m'banja. M'chaka cha 1983 dziko la India lidawonjezera gawo 498A m'malamulo ake a upandu, loletsa mwamuna kapena abale ake kuzunza mkazi, makamaka pomukakamiza kubweretsa chuma chimene kumeneko makolo a mkazi ndiwo amapereka ku banja la mwamuna. Mlanduwu sudaikidwe pa mndandanda uja. Tsono zidayamba kuchitika kuti mwamuna ndi mkazi agwirizana kulekana mwamtendere, agawana katundu, aliyense afuna kuyamba moyo wina, koma mlandu uli chiimire, ukuitana apongozi okalamba ku bwalo chaka ndi chaka. M'chaka cha 2003, pa mlandu wa B.S. Joshi, Khoti la Suprimu lidati Khoti Lalikulu lingathe kufafaniza mlandu wotere, pakuti lamulo lopangidwa kuti liteteze mkazi lisasanduke chingwe chomumanga iye yemwe.

Chigamulo chimene chimatchulidwa kwambiri mpaka lero ndi cha mlandu wa Gian Singh, cha mu September 2012, chimene adalemba Justice R.M. Lodha m'malo mwa oweruza atatu. Tikuchifotokoza m'mau athu. Milandu imene pansi pake pali mkangano wa anthu awiri, monga ya malonda, ya ngongole, ya anthu ochita bizinesi pamodzi, ya ukwati ndi ya pachibale, ingathe kufafanizidwa eni ake akagwirizana, ngati bwalo laona kuti mwayi wopeza munthu wolakwa watsala wochepa kwambiri ndipo kupitiriza mlandu kungakhale kumuzunza chabe. Koma kupha munthu, kugwirira, kuba kwa magulu a zida, katangale, ndi milandu imene ogwira ntchito m'Boma apalamula pa ntchito yawo, sizingathe mwa njira imeneyi ngakhale wolakwiridwayo kapena abale ake atagwirizana ndi wolakwayo, chifukwa milandu yotere si ya awiri. Bala lake lili pa anthu onse.

Mzere umenewu umaoneka wowongoka papepala, koma oweruza a m'zigawo adaupinda msanga. N'zomveka ndithu: dziko limene milandu yodikira chiweruzo idapitirira 50 miliyoni pofika chaka cha 2024 limapatsa woweruza aliyense chilakolako chochotsa fayilo imodzi pa tebulo. Khoti la Suprimu lidayenera kubwereza phunziro kangapo. M'chaka cha 2014, pa mlandu wa Narinder Singh, lidakamba za mlandu wofuna kupha munthu, umene apolisi nthawi zina amaulemba pa ndewu wamba kuti ulemere. Lidati woweruza asangowerenga dzina la mlandu, koma aone bala: lili pati m'thupi, n'lakuya bwanji, chida chidali chotani, dokotala adalemba chiyani, ndipo mgwirizano wabwera mlandu utafika pati. Pa mlandu umenewo lidavomera mgwirizano. M'chaka cha 2017, pa mlandu wa Parbatbhai Aahir wa ku Gujarat, lidakana, pakuti oimbidwa mlandu ankaganiziridwa kuti adapanga zikalata zabodza kuti alande malo a eni, ndipo chinyengo chotere chimawononga chikhulupiriro cha anthu onse pa zikalata za malo. M'chaka cha 2019, pa mlandu wa Laxmi Narayan wa ku Madhya Pradesh, m'mene munthu adawomberedwa ndi mfuti, lidabwezeretsa mlandu umene Khoti Lalikulu lidaufafaniza, ndipo lidalangiza oweruza kufunsa mbiri ya woimbidwa mlandu, ngati adathawapo, ndi m'mene adachitira kuti wodandaula avomere kugwirizana naye. Funso lomalizali ife tikuliona kuti ndilo mtima wa nkhani yonse.

Pali mlandu umodzi umene tikupempha aphunzitsi kuti auwerenge mofatsa. M'chaka cha 2022, m'chigawo cha Rajasthan, bambo wina adakanena kupolisi kuti mphunzitsi wagwiragwira mwana wake wamkazi, wophunzira wa ku sekondale wosakwana zaka 18, m'kalasi mulibe anthu ena. Patangopita masabata ochepa, mphunzitsiyo ndi bamboyo adalemberana chikalata cha mgwirizano, ndipo Khoti Lalikulu la chigawocho lidafafaniza mlandu ngakhale woimira Boma adatsutsa. Boma la chigawo silidachite apilo. Amene adanyamula nkhaniyi kupita nayo ku Khoti la Suprimu adali anthu wamba a m'dera lomwelo, osakhala abale a mwanayo. Mphunzitsiyo adati anthuwa alibe gawo pa nkhani ya eni. Mu November 2024, pa mlandu umene umadziwika ndi dzina la mmodzi wa anthuwo, Ramji Lal Bairwa, Khoti la Suprimu lidati ali nalo gawo, lidachotsa chigamulo cha Khoti Lalikulu, ndipo lidalamula kuti kufufuza kupitirire, pakuti mlandu wochitira mwana zachipongwe, makamaka wochitidwa ndi mphunzitsi, sungatchedwe wa anthu awiri.

Onani kuti amene adasaina chikalata chija si mwanayo ayi, koma bambo wake. Onaninso kuti m'kalasi lija mudali ana ena, ndipo chaka chotsatira mudzalowa enanso, amene sadafunsidwe. Kodi nkhani yotere njachilendo kwa ife? Tonse tikudziwa m'mene zimayendera mwana wa sukulu akapatsidwa mimba ndi munthu wamkulu. Makolo aitanidwa ku ofesi, komiti ya sukulu ikhala pansi, wina anena za mbiri ya sukulu, wina anena za ana a wolakwayo amene adzasowa chakudya bambo wawo akamangidwa, ndipo pomaliza pamveka za mbuzi, za matumba a feteleza, kapena lonjezo la ukwati. Mwanayo ali panja, wakhala pansi pa mtengo, akudikira kuuzidwa chimene akuluakulu agwirizana. Mphunzitsi wamkulu amene atsogolera msonkhano wotere angaganize kuti akubweretsa mtendere, koma adziwe kuti gawo 161 silimufikira, ndipo akuyenda m'mphepete mwa mlandu wobisa mlandu. Lonjezo la ukwati nalonso silingaphimbe kanthu, pakuti kuyambira 2017 Malamulo Oyendetsera Dziko saloleza ukwati wa munthu wosakwana zaka 18 ngakhale makolo atavomera. Ku India komweko, m'chaka cha 2015, pa mlandu wa Madanlal, Khoti la Suprimu lidanenetsa kuti pa mlandu wogwirira kapena wofuna kugwirira, lonjezo lokwatira wogwiriridwayo lisamvedwe n'komwe ngati mgwirizano.

Dziko la India lidaphunziranso kuti ngakhale khoti lapamwamba lingaterereke ndalama zikachuluka pa tebulo. Usiku wa pa 2 December 1984 mpweya wapoizoni udatuluka m'fakitale ya Union Carbide mu mzinda wa Bhopal, nupha anthu masauzande. Mu February 1989 Boma la India ndi kampaniyo adagwirizana pa chipepeso cha madola 470 miliyoni, ndipo Khoti la Suprimu povomereza mgwirizanowo lidathetsanso milandu yonse ya upandu. Anthu adakwiya, ndipo mu October 1991 khoti lomwelo lidabweza mau ake pa mbali imeneyi ndi kutsegulanso milanduyo. Chigamulo chidabwera mu June 2010, pamene akuluakulu akale asanu ndi awiri a kampaniyo ku India adalamulidwa kukhala m'ndende zaka 2 aliyense. Mkulu wa kampani yonse pa nthawi ya ngoziyo, Warren Anderson, adamwalira mu 2014 asanaimirirepo pamaso pa woweruza wa ku India.

Ena adzatitsutsa kuti tikuyeza Afrika ndi muyeso wa Azungu, kuti kwa makolo athu ngakhale mlandu wa magazi unkatha ndi malipiro, ndipo mabanja ankayanjana. Mau amenewa sitikuwataya, chifukwa afikapo kale m'khoti. M'chaka cha 2013 Khoti Lalikulu la ku Nairobi lidamasula Mohamed Abdow Mohamed, amene ankaimbidwa mlandu wakupha, abale a malemu atalemba kalata kuti alandira ngamila, mbuzi ndi zina monga mwa mwambo wawo ndi chipembedzo chawo, ndipo sakufunanso kuchitira umboni. Woimira Boma ndiye adapempha kuti mlandu uthe, popeza mboni zidaleka kubwera, ndipo Malamulo Oyendetsera Dziko la Kenya a 2010 amalimbikitsa njira za makolo zothetsera mikangano. Koma mu 2016 woweruza wina wa khoti lomwelo adakana pempho lofanana nalo, ndipo akatswiri a malamulo kumeneko sadagwirizane chimodzi.

Yankho lathu n'lakuti bwalo la makolo lidali bwalo ndithu. Mlandu unkakambidwa masana, mudzi wonse ukumva, wolakwa ankavomera kulakwa kwake pamaso pa anthu, ndipo mfumu ndi nduna zake ndiwo ankaika malipiro. Chimene tikuchiona masiku ano kawirikawiri si chimenecho. Ndi galimoto imene imaima pakhomo pa wodandaula dzuwa litalowa, envulopu imene isiyidwa pa mpando, ndi mau aulemu amene m'kati mwake muli chiopsezo: "Tonse ndife anthu a dera limodzi, mawa tidzafunana." Wolakwa savomera kanthu, mudzi sumva kanthu, ndipo mtengo wa mlandu umaikidwa ndi umphawi wa wolakwiridwa. Mwana wa mlimi akaba njinga alibe chopereka, apita kundende. Mwana wa mwini golosale akathyola munthu mkono, bambo wake alipira, iye apita ku mpira Loweruka. Lamulo likalola zotere lasanduka msika. Amene akutchula mwambo pofuna kuteteza envulopu ya usiku akunyoza makolo omwe akuwatchulawo.

Tivomere kuti pali malo amodzi pamene ife tomwe timazengereza, ndipo ndi pa nkhanza za m'banja. Mayi amenyedwa, akanena kupolisi nkhope ili yotupa, mwamuna agona m'chitokosi. Pofika Lolemba ufa watha m'nyumba, mwini nyumba akufuna lendi, apongozi abwera, ankhoswa abwera, ndipo mayi uja aimirira m'bwalo kupempha kuti bambo a ana ake amasulidwe. Kodi akunama akati wakhululuka? Mwina ayi. Kodi wasankha mwaufulu? Ayinso. Woweruza akakana pempholo, mayiyo adzaima m'bokosi la mboni nadzati adagwa yekha pa mwala, ndipo mlandu udzatha ndithu, koma udzatha ndi bodza, mwamuna atatsimikiza kuti palibe chingamuchitikire. Woweruza akavomera msanga, wamubweza mayiyo m'manja momwe adathawamo. Apa palibe yankho lokoma, koma pali zochita. Chikalata cha kuchipatala ndi umboni wa anansi zingayankhule ngakhale mayi atakhala chete, ngati apolisi adazisonkhanitsa tsiku loyamba. Lamulo loletsa nkhanza za m'banja la chaka cha 2006 limapatsa bwalo mphamvu yoika chiletso choteteza wozunzidwa, ndipo chiletso chotere sichidikira kuti munthu apite kundende. Ndipo kusiyana kwa khofi la tsiku limodzi ndi chikwanje, kapena kwa kulakwa koyamba ndi kwachinayi, ndi kusiyana komwe kuja kumene oweruza a ku India adati kuonedwe pa bala ndi pa mbiri ya munthu.

Palinso mchitidwe wina wochokera mbali inayo, umene sitingausiye osaunena. Anthu ena amatenga mkangano wa ngongole naupereka kupolisi atauveka dzina la kuba kapena kupeza ndalama mwachinyengo, podziwa kuti masiku awiri m'chitokosi amabweza ngongole msanga kuposa chaka chathunthu ku bwalo la milandu wamba. Ngongole ikabwezedwa, wodandaula abwera akumwetulira kudzachotsa mlandu. Mlandu wotere uyenera kutha, inde, pakuti sudayenere kuyamba n'komwe. Koma woweruza asautseke mwakachetechete ngati kuti zonse zayenda bwino. Afunse kuti adaulemba ndani ndipo pa umboni wotani. Polisi si ofesi yotolera ngongole za anthu, ndipo wapolisi amene alola kugwiritsidwa ntchito motero, kaya pofuna kuthandiza mnzake kaya poyembekeza kenakake, ndiye amene amaphunzitsa anthu kuti mlandu wa upandu ndi katundu woti ungamugule ndi kumugulitsa.

Kwa ogwira ntchito m'Boma tingonena mwachidule. Kalaliki akasolola ndalama za ofesi, kapena msungichuma wa sukulu akadya ndalama za chitukuko, palibe munthu m'dziko muno amene ali ndi mphamvu yonena kuti "ndakhululuka", chifukwa ndalamazo si za mkulu wa ofesi kapena za komiti. Kubweza n'kofunika, ndipo woweruza angakuganizire pochepetsa chilango, koma sikufafaniza mlandu. Wakuba akadziwa kuti chilango chake chachikulu ndicho kubweza zimene watenga, ndiye kuti kuba kwasanduka ngongole yopanda chiwongoladzanja, yobwezedwa pokhapokha wagwidwa. Amene akukumbukira kusololedwa kwa ndalama za Boma kumene kudaululika ku Capital Hill mu 2013 safunika kuuzidwa kumene maganizo otere amathera.

Tsono chimene tikupempha kwa oweruza athu si lamulo latsopano, koma kuleza mtima pa mphindi zochepa zija. Wodandaula akati nkhani idatha, bwalo limufunse iye mwini, amalume ndi ankhoswa atayamba atuluka panja, ndipo ngati ndi mayi kapena wachichepere pakhale wa ofesi yosamalira anthu. Limufunse kuti adayamba ndani kukamba za kugwirizana, adakambirana kuti, nthawi yanji, padali ndani, ndipo walandira chiyani. Chipepeso chiperekedwe pamaso pa bwalo mlandu usanatsekedwe, pakuti taona ambiri amene adalonjezedwa mbuzi nalandira chingwe chokha. Ngati malipiro ndi apang'onopang'ono, mlandu uimitsidwe, usathetsedwe, kufikira gawo lomaliza litaperekedwa. Ndipo zifukwa zilembedwe m'fayilo momveka, kuti Khoti Lalikulu poyang'ananso ntchito za mabwalo aang'ono lipeze choona.

Kwa apolisi pempho lathu n'lakuti mlandu umene walembedwa m'buku usamathere pa kauntala. Ngati ndi woyenera chiyanjano, upite kwa woweruza kuti chiyanjanocho chikhale ndi mboni. Ndipo dzina la munthu amene mlandu wake watha mwa njira imeneyi lisungidwe, kuti akadzabwera kachitatu ndi mkazi yemweyo kapena ndi mnansi wina, woweruza adziwe amene waima patsogolo pake. Mafumu ndi aphunzitsi aakulu apitirize kuyanjanitsa anthu pa za malire a minda, pa za ziweto, pa za mau otukwana ndi ndewu zazing'ono, pakuti pamenepo amathandiza mabwalo kuposa m'mene mabwalowo amayamikirira. Koma nkhani ikakhudza mwana, chida chakupha, kugwirira kapena ndalama za anthu onse, mfumu kapena mphunzitsi wamkulu alembe kalata yopita kupolisi tsiku lomwelo, asunge kope lake, ndipo makolo akabwera kudzapempha msonkhano awauze mwaulemu kuti kalata idapita kale.